Nkhope Imene Sufiyani Anadula

Kuseri kwa masitolo a nsalu pamsika wa Nkhotakota kunali kanyumba ka malata kolembedwa ndi penti wobiriwira kuti Fakiri Foto. Mwini wake anali Sufiyani Fakiri, munthu wamfupi, woyenda chothamanga ngati sitima ikumusiya padoko. Bambo ake anali mwalimu wa pamadrasa, ndipo ankayembekezera kuti mwanayo adzalowa m'malo mwawo, koma Sufiyani atangomera ndevu anatsata anzake ku Halale. Kumeneko anakhala zaka zisanu ndi zinayi m'sitolo ya Mmwenye wina wogulitsa makamera ndi kutsuka zithunzi. Anayambira kugwira tsache, n'kumaliza akudziwa ntchito yonse ya m'chipinda chamdima.

Anabwerera kwawo mu 1968. Anzake ankabwera ndi njinga ndi mawailesi, koma iye anabwera ndi kamera yojambulira filimu, yaing'ono ngati buledi, yochita kuipukusa ndi kiyi ngati wotchi, pamodzi ndi makina oonetsera. Bambo ake anazizungulira zinthuzo kamodzi, n'kunena kuti angelo salowa m'nyumba ya zithunzi. Sufiyani anangozinyamula kupita nazo kumsika, ndipo umu ndi mmene kanyumba kaja kanayambira.

Chimene chinkamudyetsa iye, mkazi wake Maimuna ndi mwana wawo wamkazi Tatu chinali zithunzi wamba: za anyamata opita ku migodi, za maukwati, za ophunzira ofuna malo kusekondale. Koma mtima wake unali pa filimu. Mpukutu umodzi unkatha m'mphindi zitatu zokha, ndipo kuti autsuke ankachita kuutumiza pa positi ku Joni, n'kudikira miyezi iwiri. Chifukwa cha ichi sankajambula mwachisawawa. Ankatha kukhala padoko masiku atatu kamera ili pamiyendo, akungoyang'ana. Munthu akaima chilili ngati msilikali kuti amujambule, Sufiyani ankatsitsa kamerayo n'kumasenda chinangwa, mpaka munthu uja atope naye abwerere ku ntchito yake. Apo m'pamene ankadina. Ankakonda nkhope: ya mayi amene akunenerera mtengo wa utaka, ya mkulu amene wagwidwa ndi gule wa sikiri pa chikondwerero cha Asilamu cha ziyala, ya msodzi amene wakoka khoka lopanda kanthu.

Loweruka masana ankaonetsa mafilimuwo m'nyumba yosungiramo mpunga ya malume ake. Mazenera ankawatseka ndi masaka, magetsi ankachokera pa kainjini ka pachigayo, ndipo kukhoma ankakhomako bafuta. Mafilimu ake analibe mawu, iyenso sankafotokoza kanthu. Anthu ankadzifotokozera okha. Azakhali a munthu akangotulukira pabafutapo atasenza dengu, nyumba yonse inkachita chiphokoso, ena kuwaitana ndi dzina ngati amva.

Mu 1971 anakumana ndi Filipo, wosema mabwato wa kwa Malengachanzi, kufupi ndi Chia. Filipo anali wa mpingo wa Mboni za Yehova, munthu wamtali, wa mpata kumano, amene polunjikitsa kasemasema ankatulutsa kansonga ka lilime ngati mwana wophunzira kulemba. Sufiyani anamupeza akuzungulira mtengo wa msangu umene ankafuna kugwetsa, ndipo anamupempha kuti amujambule kuyambira pamtengopo mpaka tsiku limene bwatolo lidzalowe m'madzi. Filipo anaseka, nati ngati munthu alibe chochita kwawo, abwere.

Ntchitoyo inatenga miyezi isanu ndi iwiri. Sufiyani ankapalasa njinga kupita ku Chia kawiri pa sabata, ndipo mosazindikira anasanduka wa pakhomopo. Malita, mkazi wa Filipo, ankamutchula kuti alamu. Nkhuku ikagwidwa, Filipo ankamupatsa mpeni mlendoyo kuti azinge yekha monga mwa chipembedzo chake, kuti asadzaone chifukwa chokanira ndiwo. Za Mulungu ankakangana pang'ono, aliyense n'kumusiya mnzake pomwe wamupeza. Anali ndi kamwana kakakazi, Sofiya, ka zaka zitatu, kamene kankagona tulo m'kati mwa bwato losathalo.

Mipukutu isanu ndi iwiri itabwera kuchokera ku Joni, Sufiyani anailumikiza n'kudziwa kuti sanajambulepo chinthu chonga chimenechi. Anaionetsa kamodzi kokha, mu Ogasiti 1972. Filipo anakhala kutsogolo ndi banja lake, ndipo nkhope yake itadzaza bafuta lonse, lilime lili panja, anadziphimba kumaso ndi chipewa uku mapewa akugwedezeka ndi phwete.

Patangopita miyezi iwiri zinthu zinatembenuka. A Mboni ankakana kugula khadi lachipani, ndipo chaka chimenecho anthu anawaukira. Nyumba zinkapsa, minda inkalandidwa, anthu ankamenyedwa panjira dzuwa likuswa mtengo. Tsiku lina masana, Sufiyani ali m'chipinda chamdima, anamva kugogoda kukhomo lakumbuyo. Anali Filipo, malaya atang'ambika paphewa, atanyamula thumba la zida zake: nkhwangwa ziwiri, kasemasema, ndi mwala wonolera. Anati akuthawa ndi banja lake, sakudziwa kumene akafike, ndipo akupempha kuti zidazo amusungire mpaka adzabwere.

Sufiyani anayang'ana kumsika. Pansi pa mtengo wa mango panali achinyamata a chipani anayi akufunsa anthu makadi. Palibe amene ankayang'ana kumbuyo kwa kanyumbako. Komabe chitseko sanachitsegule chonse. Analankhulira pampata, nati malo ndi ochepa, ndiponso anthu amalowa kawirikawiri, zidazo zingaoneke.

Filipo anamuyang'ana pang'ono, n'kubweza thumba lija paphewa. "Ndamva, achimwene. Musadandaule. Mukawapatse moni alamu."

Patapita masiku awiri kunabwera wapampando wa nthambi ya chipani kudzajambulitsa chithunzi cha chiphaso. Anakhala pampando, n'kukonza kolala, ndipo Sufiyani ali mkati molunjikitsa kamera, mkuluyo anati wamva zoti pali filimu ya munthu wopanda khadi imene anthu anaiombera m'manja. Anati tsiku lina naye adzafuna aione. Sanakalipe, sanaopseze. Anathokoza n'kumapita.

Atachoka kuswala, pemphero la masana, Sufiyani anatseka kanyumbako, natenga lumo. Ankakweza filimuyo pazenera, n'kumaiyendetsa pakati pa zala, ndipo paliponse pamene pankaoneka nkhope ya Filipo ankadula, n'kumata mbali zotsalazo ndi guluu. Anadulanso Malita akubweretsa madzi, anadula ndi kamwana kali m'bwato. Tsiku lachiwiri Maimuna anamupeza ali pantchitoyo, tizidutswa tili mbwee pansi. Anatola kamodzi, n'kukayang'ana padzuwa, naona mano a mpata aja. Anamuchonderera mwamuna wake kuti filimu yonseyo aikulunge m'nsanza aikwirire pansi pa mpunga m'nkhokwe, kapena aipereke kwa malume, koma asaiphe chotere. Sufiyani anayankha kuti akabwera kudzaifuna n'kupeza palibe, ndiye kuti wadzigwiritsa yekha. Maimuna anafunsa kuti nanga tizidutswato bwanji osatisunga. Tsiku lachitatu Sufiyani anatitentha pambaula kuseri kwa kanyumbako, ndipo utsi wake unanunkha mpaka telala wa pafupi anatuluka kudzafunsa chimene chapsa.

Pa mphindi makumi awiri ndi imodzi panatsala khumi ndi imodzi: manja, kasemasema, tchipisi ta mtengo tikuuluka, mapazi m'matope, ndi bwato likutsetsereka kulowa m'madzi. Sufiyani anaiika pashelefu n'kumadikira. Sabata inatha, mwezi unatha, mvula inagwa n'kukata. Wapampando uja ankadutsa pakhomopo, kupereka moni, osafunsanso kanthu. Mwina anaiwala tsiku lomwelo. Ichi n'chimene chinamudya Sufiyani kuposa china chilichonse: anamufufuta mnzake popanda womugwira dzanja.

Mu 1974 kusekondale ina ya m'bomalo kunabwera mphunzitsi wokonda za zithunzi, ndipo atamva za Sufiyani anapempha kuona mafilimu ake onse. Ya bwato ija Sufiyani anaiika kumapeto, akuganiza kuti mlendoyo akhala atatopa. Koma itatha, mphunzitsiyo anaimirira. Anati sanaonepo munthu wolimba mtima chotere, wojambula mmisiri kwa mphindi zonsezo osaonetsa nkhope yake n'kamodzi komwe. Anafunsa kuti nzeru imeneyi anaitenga kuti.

Sufiyani anamva pakamwa pake pakuyankha pokha kuti ntchito ya munthu ili m'manja, nkhope imangosokoneza. Mawuwo anatuluka mosalala ngati anawakonzeratu, ndipo mphunzitsiyo anawalemba m'kabuku.

Filimuyo inapita ku Blantyre kukaonetsedwa pa msonkhano wa anthu okonda kujambula, n'kubwerako ndi kalata yoyamikira. Masukulu anayamba kumuitana. Kuyambira pamenepo Sufiyani sanajambulenso nkhope pa filimu. Anajambula manja a osoka maukonde, a amayi opeta mpunga, a owumba mbiya, a shehe akuwerenga mikanda ya tasibihi popemphera. Mumtima ankadziwa chifukwa chake: manja safunsidwa khadi, ndipo palibe amene angamangidwe chifukwa cha chala chake. Chovuta n'chakuti ntchitoyo anaidziwadi. Anaphunzira kudikira mpaka dzuwa ligwere cham'mbali kuti mitsempha ioneke, anaphunzira kudula pamene dzanja lapuma. Pamsika anayamba kumutchula kuti Amanja, ndipo akamuitana choncho ankavomera.

Chakumapeto kwa 1975 kunamveka kuti Malita wabwerera ndi mwana, ndipo akukhala mwakachetechete kwa mlongo wake ku Dwambazi. Filipo anatsalira kumsasa wa othawa ku Mozambique, kumene anadwala m'mimba masiku anayi n'kumwalira. Maimuna anakonza mpunga ndi nsalu kuti apite akapepese maliro. Sufiyani anati Ramazani, nyengo yosala kudya, ithe kaye. Itatha anati mvula ikate, milatho ndi yoduka. Mvula itakata anapeza chifukwa china. Maimuna anatopa n'kupita yekha, ndipo pobwera sanamuuze mwamuna wake zimene anakambirana, iyenso sanafunse. Ukwati uliwonse wa kupitirira Dwangwa ankaukana, n'kumati ndi kutali. Zinakhala choncho zaka khumi ndi chimodzi.

Tsiku lina mu 1986, akupukuta galasi la kamera, pakhomo panaima amayi awiri. Wamkuluyo anali ndi imvi, koma anamuzindikira asanalankhule. Winayo anali mtsikana wamtali, wa mpata kumano.

"Alamu, ndi ine Malita. Uyu ndi Sofiya uja ankagona m'bwato."

Sufiyani anawapatsa mipando, nafunsa za ulendo, za mvula ya ku Dwambazi, za mlongo wawo, chilichonse chimene chikanatalikitsa nthawi. Malita anayankha zonse modekha, kenako ananena chimene anadzera. Sofiya akukwatiwa mwezi wamawa. Bambo ake sawakumbukira, ndipo chithunzi chimodzi chokha chimene anali nacho chinapsera m'nyumba. Mwanayo wakhala akumva kuti ku boma kuli filimu ya bambo ake akusema bwato, ndiye wapempha kuti asanapite kwa eni ake aone nkhope yawo kamodzi.

Sufiyani anati babu la makina linapsa, ndipo mababu otere sapezekanso. Malita anati palibe kanthu, agona kwa wachibale kufupi ndi chipatala, abweranso mawa, mwina Mulungu akhala atapereka nzeru.

Sufiyani atafika kunyumba anapeza nkhani yafika kale. Maimuna ankasankha mpunga pakhonde, ndipo sanadzutse mutu. "Bambo a Tatu, babu lili m'kabati, m'chitini cha tiyi. Mukawanamizanso mawa, ndikawauza ndekha."

M'mawa mwake Sufiyani anatseka mazenera a kanyumbako ndi masaka, nakhoma bafuta. Anakhala kumbuyo kwa makina, amayi awiriwo kutsogolo. Mtengo unagwa. Manja anayamba kusenda khungwa. Kasemasema ankakwera n'kutsika, tchipisi tikuuluka. Sofiya anakhala chowerama, chibwano patsogolo, ndipo nthawi iliyonse manja aja akakwera m'mwamba mutu wake unkakwera nawo, koma chithunzi chinkadumphira pena. Bwato linalowa m'madzi, bafuta linayera, mchira wa filimu unayamba kumenya makina.

"Nanga nkhope yawo?" anafunsa Sofiya. "Kapena ili mumpukutu wina?"

Sufiyani anazimitsa makina. Akanatha kunena kuti chinyezi chinaiwononga, kapena kuti anthu a chipani anamulanda. Mawu aja amene anauza mphunzitsi anali pafupi, okonzeka kale. Koma mumdimamo, pomwe sankaona maso a munthu, ananena zonse: za wapampando, za lumo, za mbaula, ndiponso kuti palibe anabweranso kudzafunsa. Ananenanso za thumba la zida ndi chitseko chimene sanatsegule.

Malita anati za chitsekozo ankazidziwa, mwamuna wake anamuuza panjira, ndipo zidazo anakazitaya mumtsinje chifukwa zinkalemera.

"Amene anatitenthera nyumba sitinadye nawo," anatero. "Inu munkazinga nkhuku pakhomo pathu."

Sufiyani anazyolika. Ankadikira kuti mayiyo apitirize, amutukwane, kuti mwina apepukidwe. Koma Malita anangoti aibwezere filimuyo poyamba. Ulendo wachiwiriwu analankhula ndi mwana wake ngati m'nyumbamo mulibe wina. Anamusonyeza chikhadabo chakuda cha chala chachikulu, chimene bwato linaphwanya chaka chimene anakwatirana. Anamusonyeza mmene bambo ake ankalavulira m'manja asanagwire mpini. Pamene chithunzi chinadumpha, anati apa ndiye ankatulutsa lilime, apa ndiye anatembenuka kundiseka ine. Ankakumbukira malo onse amene lumo linadutsa. Sofiya ankalira mosatulutsa mawu.

Potuluka, Sufiyani anaika filimuyo m'chitini chake n'kuwapatsa ndi manja awiri. Malita sanailandire. Anafunsa kuti akaionera pa chiyani ku Dwambazi, n'kuwonjezera kuti aisunge, popeza anaisandutsa yake.

Sabata zitatu zotsatira kanyumbako kankakhala kotseka masana onse. Sufiyani anatsitsa mipukutu yonse imene anajambula chisanafike chaka cha 1972, ya ziyala, ya pamsika, ya padoko, n'kumaiyang'ana pazenera kachidutswa ndi kachidutswa ndi galasi lokulitsira. Ankaganiza kuti Filipo ayenera kuti anadutsapo penapake. Maso anafiira, mutu unkawawa. Pamapeto pake, mu filimu ya tsiku limene sitima inafika ndi makina a chigayo, anapeza munthu wamtali ataima kumbuyo kwa gulu, chipewa chili m'manja, nkhope yaing'ono ngati njere ya chitowe. Anaijambula, naikulitsa papepala mpaka inachita mbuu ngati munthu woima mu nkhungu. Akaiyang'ana m'mawa ankati ndi yemweyo, akaiyang'ana masana ankakayika.

Anakwera basi ya ku Dwambazi, ulendo umene anauzemba zaka zonse zija. Anapeza Malita akuyanika kondowole pathandala. Mayiyo anapukuta manja, natenga chithunzicho, n'kupita nacho pamthunzi. Anachiyang'ana nthawi yaitali, kuchiyandikitsa ndi kuchitalikitsa.

"Si iwowa, alamu. Awa ndi a Useni ankagulitsa mchere aja."

Anamubwezera. Sufiyani anati ndiye abwere adzajambule ukwati wa Sofiya mwaulere. Malita anamukumbutsa kuti mpingo wawo ndi woletsedwabe, ukwati wawo amachitira m'nyumba anthu ochepa, ndipo chithunzi cha anthu amenewo palibe angachifune m'manja mwa munthu wina. Sananene kuti munthu wake ndani. Anamupatsa madzi akumwa ndi nthochi, namuperekeza mpaka pamsewu monga achitira ndi mlendo aliyense.

Pofika nthawi imeneyo mipukutu ya filimu inali itasowa, ndipo ku Joni anasiya kutsuka ya mtundu wake. Sufiyani anatsala ndi zithunzi za ziphaso basi. Koma masukulu ankamuitanabe kukaonetsa zakale, makamaka ya bwato. Mu 1989, pa sukulu ina ya kufupi ndi Kanyenda, anachita chimene anakhala akuchiyeseza mumtima zaka zitatu. Asanayatse makina anaima kutsogolo, nauza ophunzirawo kuti manja amene aone ndi a Filipo wa ku Chia, mmisiri wa mabwato, amene anafera kunja kwa dziko, ndipo nkhope yake anaidula ndi iye mwini chifukwa cha mantha. Anawo sanamve bwino. Ena anaseka poganiza kuti ndi nthabwala, ena ankakuwa kuti filimu iyambe.

Itatha, mphunzitsi wamkulu anamutengera pambali. Anamuthokoza, kenako motsitsa mawu anati nkhani ya munthu wothawa ija asadzaibwerezenso pasukulu, chifukwa ana amakafotokoza kunyumba, ndipo iye ali ndi banja lofunika kulidyetsa. Sufiyani anavomera msanga, msanga kwambiri, mpaka anapepesa. Pobwerera, makina ali pakaliyala wa njinga, anatsika pamlatho n'kukhala pansi kanthawi.

Anaonetsanso filimuyo m'masukulu ena anayi, osatchula dzina la munthu. Kenako shuga anamugwira maso, ndipo kanyumba kaja anakapereka kwa mkamwini wake, amene anakasandutsa kogulitsiramo zitsulo za njinga. Masiku ake otsiriza ankakhala pakhonde la mzikiti pakati pa swala ndi swala, akumvetsera anthu odutsa. Anamwalira mu Ramazani ya 1992, ndipo anamuika tsiku lomwelo dzuwa lisanapendeke. Maimuna anatumiza uthenga ku Dwambazi. Malita anali atadwala miyendo, koma anatuma Sofiya ndi mwamuna wake, amene anafika tsiku lachitatu ndi thumba la ufa wa kondowole, nakhala pamphasa ndi anamfedwa mpaka basi yamasana.